Utale wa pa Chulu cha Amayi

Bangwe, Blantyre
19 Januwale 2025

Okondedwa achemwali a Grace,

Musadabwe kulandira kalata yolemba pamanja ngati foni ndilibe. Ndayesa kawiri kujambula mawu, koma ndalephera kumaliza. Ndiye ndati bola ndilembe, a Steve a thiraki akupatsireni akafika ku Joniko.

Ababa adya, achemwali. Nkhani yonse ndi imeneyo, koma ndiyambe ndi kupepesa. Muja munkaimba ine n'kumati ali bwinobwino, ndinkakunamizani. Chiyambireni mvula, ababa ankangolawa chakudya n'kukankha mbale. Buluku anayamba kumangira chingwe. Kuchipatala anawayeza zonse, akuti matenda palibe. M'mawa uliwonse ankakwera minibasi ya ku Chilobwe n'kukakwera phiri la Soche, kumtunda kwa pomwe panali nyumba yathu namondwe wa Freddy asanaikokolole pamodzi ndi amayi. Ine ndinkaganiza kuti akufunafunabe thupi lawo, ndiye ndinkaopa kufunsa.

Sabata yathayi anabwera ndi jumbo yodzaza bowa, nkhope ikuwala koyamba m'zaka ziwiri. Anati achipeza chulu cha amayi, ndiwaphikire monga ankachitira mwiniwake. Mukukumbuka inu mmene amayi anabisira chulu chija zaka makumi atatu, osauza ngakhale amuna awo? Ankangosowa m'mawa, n'kubwera ndi utale waukulu ngati mbale, n'kuuphika mwa njira ija anaphunzira akugwira ntchito kwa azungu ku Namiwawa, pambali pake nyama ya ng'ombe. Ababa ankautcha bowa wovala tayi.

Koma wa m'jumbomo sunali ngati uja. Unali woyera mbee, kutsinde kwake kuli kathumba. Ine bowa ndimadziwa wogula mu Limbe basi. Mantha anandigwira, ndinakautaya kudzala n'kukwirira, ababa ndinawauza kuti unali ndi mphutsi. Kutacha nkhuku za aneba zinafukula zonse, ababa n'kuuona uli bwinobwino. Sanandikalipire, bola akanatero. Masiku atatu anangomwa tiyi, atatembenukira kukhoma.

Nditasowa pogwira ndinapita ku Ndirande kwa a Mwantumu, aneba athu akale aja a ku Chilobwe, akazi a bambo Fadili a butchala. Inde, omwewo ankalimbirana ndi amayi chingwe choyanikira zovala mpaka mzere wonse kutuluka kudzaonerera. Ndinawapeza akusankha mpunga, ndipo sanadzutse mutu mpaka nditamaliza kufotokoza.

"Kutaya unachita bwino, mwanangu, wa kathumba uja ndi wakupha," anatero. "Unalakwa kunama. Bambo ako si mwana."

Kenako anandiuza chinthu chomwe chinandikhazika pansi. Akuti chulucho anachipeza awiri ndi amayi chaka chomwe munabadwa inu, ndipo chaka chilichonse ankakwera limodzi. Masana kukangana pa chingwe, m'mawa kugawana utale! Anapangana kuti asauze mwamuna aliyense, chifukwa mwamuna akadziwa m'mawa, pofika madzulo pa bawo ponse adziwa.

Dzulo Loweruka anabwera okha m'mawa, n'kuwauza ababa maso ndi maso kuti akanatipha tonse, avale nsapato akawaonetse malo enieni. Ababa anadzuka ngati mwana wasukulu. Anabwerako cha m'ma leveni, matope mpaka m'mawondo, atanyamula utale unayi. Chulucho chilipo ndithu, madzi aja anachilambalala. A Fadili nawo anatumiza nyama ya pamsana, yofewa.

Ine ndinathamangira beseni la madzi, a Mwantumu n'kundimenya padzanja. Akuti utale sauviika, umamwa madzi n'kuzizira kukoma. Amaupukuta ndi kansalu konyowa. Mpeni anandilandanso, akuti ndiung'ambe ndi zala motsata mizere yake. Nyama tinaiwotcha payokha m'chiwaya chotentha kwambiri, n'kuiika pambali titavundikira. M'mafuta omwewo tinayamba kukazinga bowa pang'onopang'ono, chikhatho chimodzi chimodzi. Ine ndi phuma langa ndinkafuna kukhuthulira wonse, iwo akuti ukatero wawiritsa, sunakazinge. Utafiirira tinathira anyezi wambiri ndi adyo, tomato mmodzi yekha, kasupuni ka fulawa, kenako madzi aja anatuluka m'nyama. Pomaliza, moto titachepetsa, anathira theka la kapu ya chambiko. Apo ndiye fungo linasintha, achemwali. Ndinatuluka panja kukalira kuseri kwa bafa, chifukwa m'khitchini munali ngati mwalowa amayi.

Titapakula mpunga, nyama titaidula mopyapyala, bowa pamwamba, a Mwantumu anati wothyola ndiye amayamba. Anadya masupuni awiri ife tikuonerera, n'kumacheza za mitengo ya makala ngati palibe chikuchitika. Patapita kanthawi anakankhira mbale kwa ababa.

Ababa analawa, n'kutafuna nthawi yaitali.

"Mchere wachepa," anatero.

Mukudziwa inu kuti mawu amenewa ankawauza amayi tsiku lililonse, ngakhale ndiwo zitawawa mchere. Atanena anatembenukira kukhomo la khitchini, kudikira yankho. A Mwantumu ndi amene anakankha kabotolo ka mchere, n'kuyankha ndi mawu enieni a amayi aja:

"Manja muli nawo, bambo."

Ababa anaseka, kuseka kuja n'kusanduka kulira, ife tonse n'kulira nawo. Atapukuta maso anathira mchere, anadya mbale yonse, n'kupempha kuti ndiwaonjezere. Lero m'mawa adya phala, ndipo atchalitchi atawaona akulowa anasiya kuimba pang'ono.

Sindikudziwa kuti mayi ameneyu ndimuthokoze bwanji. Ndinayesa kugwada, anandidzutsa akuti ndisawachititse manyazi, oyenera kuwathokoza ndi amayi, mnzawo amene anawasiyira ntchito. Chonde muwaimbire foni, nambala ndalemba kuseri. Musatumize kanthu, akwiya. Mungowauza kuti mwamva.

Mupereke moni kwa alamu a Samuel ndi kwa Chiso, mumuuze kuti agogo ake akufunsa ngati akuyankhulabe Chinyanja. A Mwantumu ndi a Fadili akuti moni. Ababa akuti ndikuuzeni kuti kaphukusi kali m'kalatamu ndi utale wachinayi uja. Aung'amba okha n'kuuyanika pa lata, ndiye ukafika muuyanikenso. Akuti mukabwere nthawi ya mvula, osati ya Juni.

Ndawafunsa kuti chulucho chili pati kwenikweni, kuti mwina tsiku lina ndidzapite ndekha. Andiyang'ana kuyambira kumutu mpaka kumapazi, akuti zimenezo ndi za iwo ndi akazi awo.

Ndine mng'ono wanu wokukondani,
Thandie