Thumba la Nyundo

Lolemba, 9 Juni

Nyundo wathyola mkono wa Wamanzere. Ndilembe pompano mutu usanayambe kundinamiza.

Amagwetsana kuti apezeke wopita ku mpikisano waukulu. Wamanzere, zaka 22 zokha, anali patsogolo 6 kwa 2. Kochi anaimba wezulo kuti nthawi yatha, n'kutembenuka kukatenga madzi. Wamanzere anamasula thupi. Nyundo sanasiye. Anaupindira mkonowo kumsana n'kuugonera ndi makilo ake onse 74. Unalira ngati nkhuni youma. Ena onse anali ku sikelo. Ine ndinali pabenchi pompo, ndikumanga nsapato.

Lachiwiri, 10 Juni

Zaka naini ndili thumba la Nyundo. Amanditchula choncho kuholo: Thumba. Ntchito yanga ndi kugwa kuti iye aphunzire kugwetsa. Mendulo zagolide sikisi, zonse anaziyesera pamsana panga. Kuwonjeza apo anakwatira mlongo wanga.

Chaka chija anamenya refa ndi mutu, ndine ndinalumbira kuti anaterereka. Lero ndikudzinyansa.

Lachitatu, 11 Juni

Khutu la Nyundo latupanso. Ndalipopa magazi ndi jakisoni monga mwa masiku onse, iye ali phee ngati akumetedwa. Akuti Lachisanu komiti ikundifuna ngati mboni. Akamupeza wolakwa, sadzapondanso pamphasa moyo wake wonse.

"Alamu, mukanene kuti wezulo inali isanalire."

Ndinati ndamva. Anandigwira dzanja n'kufinya mpaka jakisoni inagwa pansi. Akuti ndizikumbukira kuti mlongo wanga amagona m'nyumba ya ndani. Zala zikuchita dzanzi mpaka pano.

Lachinayi, 12 Juni

Kuchipatala. Wamanzere amuika zitsulo ziwiri m'chigongono, adokotala akuti mwina mkonowo sudzawongokanso. Sanandipemphe kanthu. Anangofunsa ngati 6 kwa 2 uja analembedwa penapake. Ndinayang'ana botolo la diripi.

Pobwerera ndinadzera kwa mlongo wanga. Mlomo wong'ambika, akuti chitseko cha kabati. Kabatiyo ndikuidziwa, imamufika m'chiuno. Tiyi anathira ndi dzanja lamanzere. Mendulo zili mbee pakhoma, amazipukuta ndi iyeyo.

"Achimwene, musandiganizire ine. Munene zimene munaona."

Lachisanu, 13 Juni

Ndanena. Wezulo inalira kaye. Za refa uja ndanenanso, osafunsidwa. Chigamulo Lolemba. Nyundo anamvetsera akusisita khutu, osandiyang'ana n'komwe. 

Loweruka, 14 Juni

Ndinamupeza m'mawa ali pakati pa mphasa, wavula kale malaya. Za alamu zinatha.

"Thumba, bwera."

Kochi anafuna kuletsa, ine ndinamanga nsapato. Tisanagwirane bwinobwino anandilowa ndi mutu, mphuno phwa. Chala m'diso. Bondo m'nthiti kawiri, mpweya unathawa. Anthu anaima m'mbali.

Koma zaka naini si masewera. Akafuna kumaliza munthu amatsitsa phewa lamanja n'kudumphira mwendo wakumanja, ndipo masiku onse ndimamusiyira mwendowo dala. Lero ndinauchotsa. Anagwa chafufumimba, mano pamphasa. Ndinamukwera kumsana, n'kumukolowola mkono. Ndinangozindikira uli kumsana kwake, wopindika chimodzimodzi ndi wa Wamanzere, ine ndili pamwamba ndi makilo anga onse. Magazi anga akudonthera m'khosi mwake. Analira kamawu kakang'ono kamene sindinakamvepo.

Ndinkafuna, ndisaname. M'maganizo ndinaona mlomo wa mlongo wanga. Kunangotsala kugonera.

Kochi anaimba wezulo.

Ndinausiya.

Tsamba lino lathimbirira magazi. Mlongo wanga ndamupeza atakhala pakhomo panga ndi chikwama chimodzi. Akuti ndisiye kulemba, ndiweramitse mutu, akubwera ndi nsalu yonyowa.