Thewera Loyera Pamulu wa Nkhuni

Lolemba, 13 Meyi

Mtsinje utikokolola ndi nyumba yomwe. Ayezi amene anakuta mtsinje wasweka, zibuma zake zatseka madzi pokhota paja kuseri kwa nkhalango. Zikagumuka, nyumba yoyamba ndi yathu. Muno ndine ndi Ylva basi, wa miyezi isanu. Mwamuna wanga Sixten, a wayilesi ya kanema amutuma kukajambula mtsinje womwewu. Galimoto wapita nayo.

Lachiwiri, 14 Meyi

Madzi m'chipinda chapansi. Mbatatesi zikuyandama. Sixten waimba foni: "Majvor, ukanaona kuwala kwa lero!" Kuwala! Ndamuuza kuti mwana akutsokomola. Akuti mawa. Mawa la Sixten ndimalidziwa ine. Ndikubereka Ylva, iye anali ku Kiruna kujambula mphalapala. Anayamba n'kunyamulira anzake miyendo ya kamera, lero dzina lake limatuluka pakanema, ndiye basi sitipumanso.

Lachinayi, 16 Meyi

Helikopita! Ndakwera pamulu wa nkhuni, kukupiza thewera mpaka mkono kuwawa. Yazungulira katatu. Sixten ndamuona ndithu pachitseko chake, diso limodzi pakamera. Yapita.

A Niemi, agogo a nyumba yoyandikana nayo, achoka atakwera thirakitala ya mwana wawo. Amati ndikwere nawo. Ndakana, ndati Sixten wandiona, abwera. Iwo: "Mwana iwe, mwamuna wakoyo akadzafa adzapempha kumuika kawiri, ati koyambako kuwala sikunali bwino." Ndaseka. Chitsiru ine.

Masana msewu wamira.

Lachisanu, 17 Meyi

Nkhani za madzulo pakanema. Nyumba yathu! Kukongola kwake, mpaka ndakwiya. Ine kadontho, thewera m'mwamba. Wowerenga nkhani akuti anthu a kuno anazolowera, onani mayi uyu akupereka moni mosangalala.

Moni!

Kenako kamera yatembenuka pang'onopang'ono, mmene amachitira iye, osagwedera mpang'ono pomwe. Kuseri kwa mitengo. Ayezi waunjikana kuposa denga la tchalitchi, kumbuyo kwake madzi ngati nyanja. Ndipo zimenezo n'zadzulo.

Foni yafa. Madzi pasitepe yachiwiri. Ylva ndamuveka zonse, ndakwera naye kudenga. Kunkhalango kukumveka kuthyoka.

Sixten iwe, unaziona zonse, unazijambula bwino kwambiri. Sunali moni umene uja. Tula kamerayo pansi. Bwera, tuma boti, tuma aliyense, koma pompano