Katiriji Yachikasu

Okondedwa achimwene,

Ndikhulupirira muli bwino kumeneko pamodzi ndi alamu ndi ana. Bondo lija linasiya kuvuta? Kuno tiliko, kungoti mtima wanga suli m'malo, ndipo nkhani yake ndi ya munthu munanditumizira uja.

Anafika Loweruka m'mawa, wamagalasi, chikwama kumsana, ulemu wochita kunyanya. Anati munkagwira naye ntchito, ndipo iye ndi anzake amasonkhanitsa magemu a timakina takale tophunzitsira ana, ngati kaja munagulira malemu mwana wanga. Akuti amakopera magemuwo m'kompyuta, kompyutayo n'kumadziyesa kamakinako, kuti ana azisewerabe ngakhale kenikeniko katafa. Ndinamufunsa kuti amapindulapo chiyani. Anati palibe, amangofuna zisatayike. Achimwene, munthu wamkulu ndi ndevu zake kuyenda mtunda wonsewo chifukwa cha masewera a ana, kwaulere? Ine ndinati apa pali kanthu.

Mukudziwa zomwe zili m'katiriji yachikasu ija, yomwe timalowetsa pamwamba pa kamakinako. Ndi gemu yowerengera manambala, imene mwana amajambulamo mawu ake. Mwana wanga alimo, akuwerenga wani mpaka teni, kudumpha seveni monga ankachitira, kenako n'kuseka. Zaka khumi ndi ziwiri ndakhala ndikumumvera pa tsiku lake lobadwa. Kwina kulikonse mawu ake kulibe.

Ndinamulola chifukwa cha inu, koma ndinakhala naye pambali patebulo, maso ali pa zala zake. Analowetsa katirijiyo m'kabokosi kake ka mawaya, ndipo posakhalitsa mwana wanga anayamba kuwerenga m'kompyuta ya mlendo. Ndinaganiza za anthu osawadziwa akumumvera, akuseka seveni wake wodumphayo, mwinanso kumugulitsa kumene.

Iye anati atenga gemu yokha, mawuwo andiikira pafoni yanga. Anandichenjezanso kuti m'katirijimo muli kabatire konga batani la malaya, ndi kamene kakusunga mawuwo, ndipo kakalamba. Ine ndinangomva ngati zija amanena okonza mafoni akafuna kukuopseza. Ndinamuuza kuti, "Fufutani zonse ine ndikuona. Mwana wanga satuluka m'nyumba muno." Anandipempha kawiri kuti ndiganizenso. Kachitatu anafufuta, nandionetsa kuti simunatsale kanthu, n'kunyamuka tiyi osamaliza.

Tsono nayi nkhani yondichititsa manyazi. Za batire zija zinandikhala pamtima. Lachiwiri ndinakagula katsopano, ndinamasula katirijiyo ndi nsonga ya mpeni, n'kusintha ndekha kuti pasadutsenso dzanja la munthu wina. Nditayatsa, gemu inandilonjera bwinobwino, n'kundipempha kuti nditchule dzina langa, ngati mwana wongoyamba kumene. Ndinazimitsa, ndinayatsanso, chimodzimodzi. Wokonza mawailesi wa pakona paja anandiuza kuti mawuwo anapita nthawi yomwe ndinachotsa kabatire kakale kaja. Ndamutayanso kachiwiri, achimwene, ndi manja anga omwewa.

Ndiye ndathawira kwa inu. Munthu uja sindinamukhulupirire, ndipo mpaka lero sindikumukhulupirira. Anafufuta mofulumira kwambiri. Potseka chikwama sanandiyang'ane m'maso. Komanso anthu a makompyuta sasowa pobisa zinthu, inunso mukudziwa. Tamufunseni mwakachetechete, muli awiri. Mumuuze kuti sindimukalipira, sindipita naye kulikonse. Ngati anandipusitsa n'kusungako penapake, ndidzamugwadira.

Mukapeza kuti ndi munthu woona monga mumanenera inu, musandiimbire foni. Mungondilembera, chifukwa zimenezo sindingathe kuzimva ndi khutu.

Mulungu akusungeni nonse. Mundiperekere moni kwa alamu ndi ana, muwauze kuti azakhali awo akuwasowa. Ndipo mukamapemphera, mundithandize kupempha kuti mnzanuyo akhale wabodza.

Ndine mlongo wanu wamng'ono.