Uthenga umene ndinamubisira Mzime

Okondedwa Amayi,

Ndikhulupirira mwadzuka bwino. Kodi bondo lija likukuvutanibe? Ife kuno tilipo, ine ndi mng'ono wanga Mzime, kungoti mtima wanga suli m'malo.

Mukudziwa kuti ndine ndinamupezera ntchito Mzime pahotela pano. Ine ndatha zaka zisanu ndi zinayi m'chipinda chochapira, kulimbana ndi nsalu zapabedi ndi simbi. Katatu konse ndapempha kuti andisamutsire patebulo lolandirira alendo, poti satifiketi yake ndili nayo, koma bwana amangoti ndidikire. Mzime anangopinda matawulo milungu iwiri pambali panga, bwana n'kumuona, mawa lake ali kutsogolo atavala jekete. Nditafunsa, bwanayo anandiuza mosaphethira kuti alendo amamasuka ndi nkhope yoyera, ine ndinada kwambiri.

Amayi, nsanje inandigwira. Ndikamadutsa ndi dengu la zochapa n'kumumva akuyankha foni ndi mawu amene ndinamuphunzitsa ndine, ndinkalakalaka atalakwitsa. Ndinagula mpaka mafuta oyeretsa khungu. Anandiwotcha masaya, ndipo wonditsuka zilondazo anali Mzime yemweyo, ine n'kumamunamiza kuti ndi mankhwala ochapira.

Tsono nali tchimo langa. Mwezi watha Mzime ali patchuthi, bwana anandituma kuti ndikamuuze abwere Lachisanu kudzalemba mayeso a ukapitawo. Ndinafika kunyumba, tinadya, tinaseka, uthengawo ndinaumeza. Malowo anatenga wina.

Lolemba bwana anamukalipira pamaso panga, nati ananditumatu ine. Mzime anandiyang'ana kamodzi kokha, kenako anati uthenga anaulandira, koma anadwala mutu. Kunyumba sanandifunse kanthu. Anangondiuza akuvula nsapato kuti iyenso anapitapo kawiri kwa bwana kukandipemphera malo akutsogolo, ndipo bwanayo anangoseka. Kuyambira tsikulo amandiyankhula mwaulemu, ngati ndine mlendo wofuna kiyi wa chipinda.

Ndikufunseni, Amayi, musakhumudwe. Tili ana, kukabwera alendo, munkatuma Mzime kukapereka madzi pabalaza, ine n'kumatsala kukhitchini. Azakhali ankanditchula Makala, inu n'kumaseka nawo. Kodi munkadziwa kuti ndinkamva? Sindikuti ndinu munanditseka pakamwa tsiku lija, ayi, ndinatseka ndekha. Koma bwana atanena zakezo sindinadabwe, ndipo zimenezo n'zimene zikundiwawa.

Musamulembere Mzime za nkhaniyi, kupepesa ndi kwanga. Ndayesa kawiri, mawu akukanirira, chifukwa nsanjeyo sinathe. M'mawa uno ndamusitira jekete lake, ndipo ndisanalipachike ndinayamba ndaliyesa pagalasi. Likundikwana, Amayi.

Mundiyankhe, ngakhale mizere iwiri. Mundiperekere moni kwa achimwene ndi alamu, ndi kwa azakhali omwe. Mulungu akusungeni.

Ndine mwana wanu woyamba.