Dzina Lachinayi la a Josphat

Petauke, 14 Juni

Amalume,

Ndikhulupilila kuti miyendo yasiya kukuvutani ku Kitweko. Kuno tilipo, monga akhalila anthu amene aika malilo mlungu watha.

Mukudziwa kuti amuna anga a Josphat anali anthu atatu pa sewelo: Sing'anga Kaliza, Abusa Mpunga, ndi Adona Sela ovala wigi. Onsewo wowachapila ndinali ine. Anzawo a m'gulu anabwela kumanda atavala zovala zimenezo, ati ndi ulemu. Analila mokweza, diso lili kwa ojambula pa foni. Pa uphunzitsi wanga ndawelenga masewelo ambili, koma kulila kotchipa chonchi sindinakuonepo.

Kenaka panafika mayi wa ku Nyimba, mwana kumbuyo, nakhala pamphasa yanga ya namfedwa, akulila "a Kasonde anga". Ndinamuuza mofatsa kuti wasochela malilo. Anatulutsa chithunzi cha a Josphat.

Nditafunsa a Mwanza, mkulu wa gululo, anaseka. "Alamu, musavutike mtima, kujaku kunali kungosewela chabe." Sewelo lanji lobala mwana wa makutu a atate ake?

Achibale akumana Loweluka kuti agwilizane za wometedwa ngati mkazi wamasiye. Chonde bwelani mudzandilankhulile, pakuti a Mwanza akuti adzakhala mboni, ndipo sindidziwa kuti tsikulo adzavala nkhope iti.

Mayiyo sindimuda, dzulo ndinamubweleka bulangeti. Iye anakwatiwa ndi Kasonde, ine ndi Josphat. Pa awiliwo amene anali chovala chabe ndani, funso limenelo ndaliika kaye pansi.

Ine mwana wa mlongo wanu,
Tikambenji