Manja a Dulcie

Lolemba, 7 Januwale

Kutentha koopsa. Tramu, kasitima kamumsewu ka ku Glenelg, inadzaza ndi anthu opita kukasambira, ine ndekha ndi kachikwama ka magalasi ndi mapiritsi. Mpikisano wa chesi wa okalamba wayamba, holo yomwe ija ya kuseri kwa tchalitchi, kusewera kamodzi patsiku mpaka Loweruka. Ndapambana mosavuta.

Dulcie Pengilly wabwera! Sindinkayembekezera. Atangondiona pakhomo anakuwa, "Ilga! Ukadali moyo? Ndimayesa tinakuika m'manda chaka chatha." Ndinamuuza kuti sindingafe ndisanamulande chikho. Anaseka, koma kapu ya tiyi inkangolira pa sosala. Dzanja lake likunjenjemera kwambiri kuposa pa Isitala.

Lachiwiri, 8 Januwale

Ndapambananso. Dulcie nayenso.

Tsiku lonse ndimangokumbukira chipinda chija cha pamwamba pa sitolo ya nsapato mu Hindley Street. Utsi wa fodya tolo, anzawo a bambo ochokera ku Latvia ndi ku Hungary akusewera chesi n'kumakalipirana aliyense m'chinenero chake. Atsikana tinali awiri basi, ine ndi Dulcie, ndipo anatiikira tebulo pafupi ndi ketulo kuti tiziwapangira tiyi. Ine ndinkapanga. Dulcie ankawapatsa dala tiyi wozizira mpaka anasiya kumutuma, kenako anayamba kuwagonjetsa mmodzimmodzi.

Kuyambira pamenepo zakhala choncho: iye woyamba, ine wachiwiri. Ku Melbourne, ku Hobart, kulikonse. Atasankhidwa kukaimira dziko kunja, ndine ndinamunyamulira sutikesi kubwalo la ndege. Pobwerera ndinalira m'basi, ndipo sikunali kumusowa ayi.

Lachitatu, 9 Januwale

Lero zavuta. Dulcie amafuna kugwira hachi pa bolodi, dzanja linathawa n'kukhudza bishopu, pobweza linagwetsa asilikali atatu. Lamulo ndi lakuti chomwe wakhudza uyendetse chomwecho. Bambo amene amasewera nawo anati, "Musadandaule mayi, tiyese sizinachitike." Akanangomutukwana zikanakhala bwino. Dulcie anayendetsa bishopu yomweyo, n'kuluza.

Ndinamupeza panja pamthunzi, manja atawapana m'khwapa. Woyang'anira mpikisano, Trevor Nankervis, anabwera kudzanena kuti malamulo amalola kuti wina azimuyendetsera, kudina wotchi ya masewera ndi kumulembera mayendedwe, bola asakhale wosewera nawo mpikisano. Anati mkazi wake angathandize.

"Mkazi wako sasiyanitsa hachi ndi bulu," anatero Dulcie. "Ndingopita kwathu."

Trevor atachoka ndi pamene anandiuza. Mwana wake wamupezera malo kunyumba yosamalira okalamba ku Perth, apita mwezi wamawa. Mpikisano uno ndi wake womaliza.

Ine ndapambana kachitatu. Ndili pamwamba ndekha. Chikho chimenechi sindinachigwirepo.

Lachinayi, 10 Januwale

Ndinafika molawirira n'kuuza Trevor kuti andichotse mumpikisano.

"Mayi Kalnins, mukudziwa kuti mukutsogola?"

Ndinati ndikudziwa, kuwerenga ndimatha.

Dulcie atamva anandikalipira pamaso pa anthu. "Wapenga? Chaka chomwe ndafooka ndiye ukuthawa? Nkhalamba yamantha iwe!" Ndinamuyankha kuti chikho chotenga iye ali chonchi ndikanangosungiramo mabatani. Anandiyang'ana nthawi yaitali, kenako anakankha mpando ndi phazi. "Khala apa. Koma usapume mokweza. Ndimakudziwa, ukaona zolakwika umapuma ngati ng'ombe."

Iye amanena, ine ndimayendetsa. Zaka zonsezi ndakhala ndikumuona kumaso, bolodi ili pakati pathu. Lero ndakhala pambali pake, ndipo ndaona kuti akamaganiza amagwedeza chala chachikulu cha kuphazi m'sandasi. Wapambana, mokongola ngati kale.

Lachisanu, 11 Januwale

Wapambananso. Mawa akapambana, chikho n'chake.

Tinadya nsomba ndi tchipisi pa jeti, mlatho wolowera m'nyanja uja. Anakana kuti ndimutsegulire pepala, theka la tchipisi linapita kwa mbalame. Tinawerenga anzathu a m'chipinda chija amene atsala amoyo. Sitinachedwe kumaliza.

Loweruka, 12 Januwale

Dulcie amasewera ndi a Vassallo, dokotala wa mano wopuma ntchito uja, munthu wosafulumira. Anthu anazungulira tebulo, mafani akungozunguza mpweya wotentha.

Dulcie anayamba bwino. Anawapanikiza a Vassallo mpaka anavula jekete. Ine mumtima ndinali nditayamba kale kuganiza kuti chikho tikachinyamula bwanji mu tramu.

Kenako anati, "Mfumukazi ipite d7."

Ndinaona nthawi yomweyo. Hachi ya a Vassallo ikadumpha kamodzi, iopseza mfumu ndi mfumukazi pamodzi. Msampha woti Dulcie wakale akanauona ali m'tulo. Ndinadikira pang'ono kuti mwina asintha. Sanasinthe. Dzanja langa linaima m'malere, lolimba bwinobwino, losanjenjemera n'komwe, ndipo ndinalakalaka likanakhala lodwala ngati lake. Kukhosomola kokha kukanakwanira kumuchenjeza. Akanamva.

Ndinanyamula mfumukazi n'kuiika pa kabokosi ka d7. Ndinadina wotchi. Ndinalemba.

A Vassallo anayang'ana bolodi, kenako anayang'ana ine, ngati akufunsa ngati ndamva bwino. Ndinayang'ana pepala langa. Anadumphitsa hachi.

Chala cha m'sandasi chinasiya kugwedera. Dulcie anatambasula dzanja lake lonjenjemera. "Zikomo, Carmelo. Mwasewera bwino." A Vassallo analigwira ndi manja awiri. Anthu anaomba m'manja, koma mwamanyazi.

Holo itayamba kutha anthu, Trevor akupinda matebulo, ife tinali tikadali pompo.

"Unaona," anatero, osandiyang'ana.

"Ndinaona."

"Ndipo unangokhala duu."

"Eya."

"Ukanatsokomola ndikanakuluma khutu."

"Ndi mano ati?"

Anaseka mpaka misozi, ndipo misoziyo sinasiye msanga. Ndinayamba kutolera zidutswa kuti ndiike m'bokosi, koma anandigwira mkono.

"Usachotse. Bwezera mmene zinalili ndisanalakwitse."

Ndinabwezera.

"Iwe ukanayendetsa chiyani pamenepa?"

Chiyambire tili atsikana, Dulcie sanandifunsepo funso limeneli. Ndinamuonetsa: hachi idye msilikali wa pakati, mfumukazi ibwere pambuyo. Anawerama, mphuno pafupi ndi bolodi, n'kuyang'anitsitsa.

"Mmm. Si zoipa," anatero. "Kenako?"

Trevor anafika pa tebulo lathu, anatiyang'ana, n'kupita kukapinda lina.