Ana akufuna makiyi a shopu chifukwa cha filimu yosinthidwa mathero

Aphungu,

Pakamwa panga pandipalamulitsa. Amuna anga ba Dixon, amene ali ndi shopu ya zitsulo pamsika wa Mtendere, akhala akutigonthetsa m'kutu ndi filimu ina ya chombo cha m'mlengalenga imene anaonera m'tauni ali mnyamata. Mwezi watha mwana wathu Silas anaipeza pa foni n'kuiika pa TV. Itangotha, bambowo anadzambatuka: "Iyayi, si iyi! Woyendetsa chombo anatsala yekha kudziko lija, holo yonse tinalira. Nanga apa abwera bwanji kudzamutenga? Funsani amayi anu, analipo."

Aphungu, ine kunalibe! Anapita ndi Virginia, chibwenzi chawo choyamba. Mtima unandiwawa, ndiye ndinangoti, "Ukalamba uwu, mwayamba kulota masana." Ana anaseka mpaka misozi.

Kuseka kuja kwabala zina. Tsopano akangoiwala pomwe aika magalasi, ana amatsinana. Akuti ba Tata mutu sukugwira, apereke makiyi a shopu kwa Silas. Dzana ba Clive okonza ma TV anandiuza kuti eni filimuyo anaisinthadi mathero poitulutsanso. Ndiye kuti bambowo ankanena zoona. Masiku ano sachezanso, amangokhala duu pakhonde. Chisoni chandigwira, ndilibe mtendere. Nditani?

D.P., Mtendere, Lusaka

Mayi D.P.,

Koma nsanje yanuyi ndi yokhalitsa! Virginia anapita ndi tikiti, mwamuna munatsala naye ndinu.

Ba Clive sananame. Mafilimu ena akale amawadula, kuwawonjezera, ngakhale kuwasintha mathero, dzina n'kusiya lomwelo. Bambowo akukumbukira bwino zimene anaona. Chimene asokoneza ndi munthu amene anakhala naye pafupi, ndipo ine ndikuona ngati m'maganizo mwawo mpando umenewo anaupereka kwa inu kalekale.

Munawachititsa manyazi pamaso pa ana, choncho kawapepeseni pamaso pa ana omwewo, n'kunena poyera kuti tsiku lija simunapite nawo. Pemphani ba Clive afunefune yakaleyo kwa osunga matepi, koma musadikire kuti ipezeke, chifukwa zoyambirira zina zinasoweratu. Ngati kuiwala magalasi kukukudetsanidi nkhawa, chipatala chilipo. Mutu wa munthu sauyeza ndi filimu.

Chenjerani, mayi. Makiyiwo akangochoka m'thumba mwa ba Dixon, ngakhale tepiyo itapezeka mawa, Silas sadzawabweza. Lankhulani lero, bambowo asanayambe kukhulupirira okha kuti asokonezekadi.